Aleyamma Anyema Mkate

Aleyamma, amene anali atangodzozedwa ubusa, ananyema mkate. M'tchalitchi chimenecho cha ku Tiruvalla, mkazi anali asanagwirepo mbale ya mgonero.

Azimayi anadzuka pamikeka mokanganirana, nsalu zoyera zikugwa kumutu. "Wanga ameneyo!" anafuula mayi ake a Aleyamma, osasamala kuti ali m'pemphero.

Kumbali ya azibambo palibe amene anadzuka.

Kenako ndodo inagogoda pansi. Anali a Kuruvilla, amalume ake a Aleyamma, amene anali atalumbira kuti bola kufa kusiyana n'kulandira mgonero kwa mkazi. Anagwada movutikira n'kutambasula manja.

"Ndizikutchula chiyani tsopano, mwana iwe?" ananong'ona.

"Abusa basi, amalume."

"Fulumiranitu abusa, maondowa ndi akale."

Kumbuyo kwawo, azibambo anayamba kuimirira.