Mwala Umene Overtoun Anaukwecha

Panali munthu wina ku Ching'ambo, mumzinda wa Mzuzu, dzina lake Overtoun. Akuti izi zinachitikadi, zaka zija munthu sunkalowa mumsika wopanda khadi la chipani m'thumba. Overtoun anali kalaliki pa ofesi ina m'tauni, ndipo anali waukhondo mopitirira muyeso. Nsapato zake ankazipukuta mpaka ntchentche ikaterapo inkaterereka.

Ankakhala ndi mkazi wake Peggy, yemwe anali woyembekezera mwana wawo woyamba, komanso mayi ake, a Mabel, ochokera ku Nkhata Bay. Mayiwa anabwera ndi mwala umene malemu amuna awo anauvuula ndi khoka pansi pa nyanja. Anthu a kunyanja ankautcha nyenyezi ya pansi. Kukula kwake kunali ngati dzira la bakha, ndipo mwalawo unali wokutidwa ndi ndere zoterera. Koma ukauika m'chipinda chamdima unkawala mobiriwira mpaka munthu kutha kulowetsa ulusi pasingano.

Mwalawo unkakhala mumtsuko wa madzi a m'nyanja, amene amayi ogulitsa usipa ankabwera nawo m'zigubu. A Mabel anali ndi ng'ala m'maso, ndipo chinkawathandiza ndi madzi a mumtsukowo. Akawadonthezera m'maso m'mawa, ankaona bwinobwino mpaka dzuwa kulowa.

"Mwana wane," ankatero, "mwala uwu usadzautulutse m'madzi, usadzautsukenso. Ndikufuna ndidzaone nkhope ya mdzukulu wanga."

"Yewo, amama, ndamva."

Kumva anamvadi, koma ndere zija zinkamunyansa.

Tsiku lina tcheyamani wa chipani m'deralo analengeza kuti kukubwera alendo akuluakulu, ndipo aliyense amene ali ndi chinthu chonyaditsa dera abwere nacho ku chionetsero. Mtima wa Overtoun unadumpha. Anayamba kulota zokwezedwa pantchito ndi zolowa nyumba ya magetsi. Ali kometetsa ku Chibavi, pakamwa panamuyabwa, ndipo anaulula za mwalawo. Pabenchi panali bambo wina wa taye, amene anati dzina lake ndi Herbert ndipo anagwirapo ntchito ku migodi ya ku Joni.

"Miyala ndimaidziwa chomene ine," anatero Herbert. "Tiyeni ndikauone."

Anafika kunyumba masana, a Mabel ali ku msonkhano wa amayi a mpingo. Herbert anasuzumira mumtsuko n'kupukusa mutu.

"Adada, munthu wophunzira ngati inu mukaonetse akuluakulu zonyansazi? No, no. Ngati ukuwala chonchi uli ndi litsiro, nanga mukaukwecha? Mudzafuna magalasi akuda."

Peggy anaima pakhomo atagwira m'chiuno. "Bambo, amama anakaniza. Adikireni abwere."

"Za kumudzi izo," anayankha Overtoun. "Awa agwira miyala ku Joni. Iwe wagwirapo mwala wanji, kupatula wosinjira tsabola?"

Anatenga mchenga, phulusa ndi sopo, n'kuukwecha ngati poto wa maliro. Ndere zonse zinachoka. Anauyanika padenga, madzi a mumtsuko n'kuwathira pa maluwa. Padzuwa mwalawo unanyezimira mokongola zedi, ndipo Herbert anaomba m'manja, anamwa tiyi, n'kumapita.

Overtoun analowa kuchipinda, anatseka chitseko ndi zenera, n'kudzifunditsa bulangete pamodzi ndi mwalawo. Munali mdima bii. Anaupukuta ndi malaya, anauuzira mpweya, koma ayi ndithu. Thukuta linamutuluka.

A Mabel atabwera anapeza mtsuko uli gwaa. Sanakalipe. Anangoulandira mwalawo, kuusisita ndi chala, n'kunena motsitsa mawu, "Wauvula moyo wake, Overtoun. Bambo ako anausunga zaka zonse zija osaukanda ngakhale ndi chikhadabo."

Ku chionetsero Overtoun anapita nawobe mwalawo. Alendo anaudutsa osaima, ndipo mmodzi anafunsa ngati unali chidutswa cha botolo. Overtoun anamufunafuna Herbert ku Chibavi konse, koma ometa anati ngakhale iwo anamuona tsiku lomwe lija basi.

Overtoun anakwera lole kupita ku Nkhata Bay. Anauviika mwalawo m'nyanja, anaumata ndere za pamiyala ina, anapempha asodzi okalamba kuti amuthandize. Mmodzi anamuuza mosapita m'mbali, "Ndere zimene zija zimamera pansi pomwe sipafika munthu. Bwererani kwanu, adada."

Maso a mayi ake anayamba kuzima pang'onopang'ono. Poyamba analeka kusoka, kenako ankayenda chogwira khoma. Kuchipatala anayesa mankhwala awo, koma sizinathandize. Pofika nthawi ya mvula, a Mabel sankasiyanitsanso usana ndi usiku.

Peggy anachira mwana wamkazi, ndipo anamutcha Elsie. Atatuluka kuchipatala anamuika pamiyendo ya agogo ake. A Mabel anayendetsa zala pachipumi, pamphuno ndi pamasaya pa khandalo, akumwetulira.

"Overtoun," anaitana, "tandiuza, akufanana ndi ndani?"

Overtoun anamuyang'ana mwanayo. Maso ake anali enieni a agogo akewo, aakulu ndi owala. Bambo wamkulu, taye ali m'khosi, anagwada pansi n'kulira ngati mwana.

"Usalire," anatero mayi ake. "Ungondiuza. Ine ndikhulupirira zimene unene."

Akuti mpaka kukalamba kwake Overtoun sanautaye mwala uja. Unkakhala mumtsuko womwe uja, ndipo m'mawa uliwonse ankausuzumira asanapite kuntchito. Sunawalenso.

Phunziro: Amene wasunga chinthu zaka zambiri amachidziwa kuposa mlendo amene wachiona lero, ngakhale atavala taye. Makolo akakuletsani kanthu, yambani mwafunsa chifukwa musanachite zanu, pakuti zina zikawonongeka kupepesa sikuzibweza. Tumizirani ena nkhaniyi, makamaka amene amachita manyazi ndi zinthu za kwawo.