Makina amene Garth anati ndi otha

"Kunjaku kukuwotcha chonchi, muno mukuzizira bwanji, alamu?" anafunsa Doreen, akupukuta thukuta m'nyumba ya Garth, mkulu wake wa mwamuna wake.

Garth anangoseka n'kumupatsa madzi. Ntchito yake ndi yoika makina otenthetsa nyumba mumzinda wa Winnipeg, ndipo ndi iye amene anawazulitsa Doreen ndi mwamuna wake makina awo amagetsi otenthetsa ndi kuziziritsa nyumba nyengo yachisanu ili pafupi.

"Awa ndi otha, chisanu cha kuno sangalimbane nacho," anatero tsikulo. "Ikani ng'anjo ya gasi. Zitsulozi ndikakutayirani kudzala ndine."

Doreen anachita kumuwotchera nkhuku pomuthokoza. Zoti ng'anjo siziziritsa nyumba ngati makina aja anazikumbukira mu Julaye, nthawi yotentha kumeneko, kwawo kutasanduka uvuni.

Atatuluka kuseri kukaona matimati a Garth, anamva kulira kodziwika. Pakhoma panali makina aja, akugwira ntchito bwinobwino, ali ndi chipsera chomwe iye mwini anawapatsa ndi fosholo pochotsa chipale.

"Alamu! Kudzala kuja n'kuno?"

Garth anasuzumira pawindo, osachita n'komwe manyazi.

"Mlamu, inunso! Chinthu chabwinobwino chonchi munthu angataye?"