Nanenso Ndikuwamva

Manong'onong'o aja anayambira kuseri kwa khutu lamanzere, malo awo akale.

Telala anauma pampando. Muholo yoonetsera mafilimu munali mdima, ndipo mufilimumo munthu wodwala matenda a m'maganizo a sikizofireniya, ngati iyeyo, ankangochapa malaya ake. Telalayo mapiritsi anamwa m'mawa, sanadumphitse. Nanga mawuwa abwereranji? M'maganizo anaona kale bedi la kuchipatala, makina ake osokera atavindikiridwa nsalu, zovala za eni zili zosatha.

Anatsina dzanja la mkazi wake, monga anapangana kalekale.

"Amayi, abweranso."

Mkaziyo anatchera khutu. "Akuti, 'Usatuluke, akukuona'?"

"Mwadziwa bwanji?"

"Nanenso ndikuwamva, bambo. Akuchokera m'masipika. Ndi a munthu wa mufilimuyo, si anu."

Telala anayang'ana uku ndi uku. Mayi wina anali atatseka makutu. Bambo wa kutsogolo ankangocheukacheuka, kufuna wonong'onayo. Holo yonse inkawamva.

Mtima wa telala unakhala m'malo.

"Ndiye mumasoka mukumva zimenezi?" anafunsa mkaziyo.

"Awa? Awa ndi aulemu," anatero telala, akupukuta thukuta. "Anga aja amanyoza ndi kasokedwe komwe."