Anyezi wa Mayi Argyro

Atangolawa kamodzi, supuni inamupulumuka mlendo wina waimvi.

Foteini ankayendetsa alendo pachilumba cha Sifnos ku Greece, kuwalawitsa zakudya zakwawo, ndipo ulendo unkathera pakhonde la amayi ake, pa tchana wophikidwa mumphika wadothi. Bambo waimviyu, wochokera ku Australia, anali asanayankhulepo chiyambire m'mawa.

"Mwapsa pakamwa kodi, bambo?" anafunsa Foteini akuseka.

Bamboyo anayankha m'Chigiriki cha pachilumba pomwepo: "Argyro sanasiyebe kuchulutsa anyezi?"

Foteini anasiya kuseka. Dzina la amayi ake anali asanauze mlendo aliyense.

Mayi Argyro anatuluka m'khitchini atanyamula buledi. Ataona nkhope ya bamboyo ndi chala chake choduka, buledi yense anagwa pansi.

"Amayi, mukuwadziwa?" anafunsa Foteini.

"Stratis," anatero mayiwo. "Zaka makumi atatu ine ndikukuyatsirani kandulo kutchalitchi, inu muli moyo?"

Foteini anagwira khoma. Stratis linali dzina la bambo ake, amene anthu onse ankati anamira panyanja Foteini ali wakhanda.

Alendo enawo, osamva Chigiriki, anakweza mafoni n'kuyamba kujambula.