Amene Anapha Njerwa

Tihomir anafika muholo ya mumzinda wa Plovdiv, ku Bulgaria kuno, Loweruka masana mtima utapsa kale. Mawu oti akanene anali atawayeserera pagalasi kunyumba.

"Lero andiona," anatero.

"Akuonani ndithu, bambo a Kalin," anayankha mkazi wake Nevena. "Ndi jekete yaukwati yosatsekeka pamimbayi, ndani angakuphonyeni?"

Muholomo munali chionetsero cha magemu akale. Madoda a imvi ankasisita timakina tawo ngati akutonthoza khanda. Pafupifupi pa tebulo lililonse panali Njerwa, kachipangizo kamagemu kogwira m'manja kaja. Dzina lake lenileni linali la Chijapani, koma kuno ankangoti Njerwa chifukwa ukakaponya m'thumba, buluku linkayamba ulendo wopita pansi.

Mafoni opalasa atabwera, maiko ena anakataya. Kuno ayi. Makina atsopano anali odula, ndipo ana ankagona nako pansi pa pilo. Kakampani ka Tihomir, kamene kanali m'chipinda cha pamwamba pa shopu ya buledi, ndi kamene kanatsala padziko lonse kupanga magemu a Njerwa.

Ndiye chaka china kunabwera bambo Kuramochi, nthumwi ya eni ake makinawo. Nkhani imeneyi Plovdiv yense ankaidziwa, mwina ndi agalu omwe, chifukwa Tihomir ankaifotokoza paukwati, pamaliro, ngakhale kwa dokotala wa mano pakamwa pali chitsegukire. Anamutengera mlendoyo kumalo odyera, awiriwiri. Anamuitanitsira mbale yodzaza kebapche, nyama yootcha ya kuno, komanso rakia yabwino, kachasu wathu. Mlendoyo anafunsa m'Chingerezi chake chotsimphina ngati Tihomir angapitirize kupanga magemu. Tihomir anavomera pomwepo, ndi mtima wonse. Mlendoyo anawerama mpaka mphumi kutsala pang'ono kulowa musaladi, nakakwera ndege.

Basi, kupita kunali komweko. Foni sinalire. Chirimwe chisanathe, nyuzi zinalemba kuti Njerwa sidzalandiranso gemu yatsopano.

Tihomir sanaimbe kukafunsa. Bambo wamkulu ngati iye akagwade? Wosatheka! Gemu yake yomaliza, ya mbuzi yoba mphesa, inafera m'kompyuta isanathe. Anyamata ake anabalalika, wina ku Germany, wina kukayendetsa takisi. Iye anasanduka wokonza makina osindikizira m'maofesi. Chimene chinamutsalira chinali nkhani yakeyo: kuti iye anali katswiri, koma anagwetsedwa ndi dyera la anthu ofuna kugulitsa makina atsopano. Lero ankafuna chinthu chimodzi chokha. Wompereka uja apepese pagulu, Nevena akumva ndi makutu ake, pakuti mayiyu anali atayamba kuyasamula nkhaniyo ikangoyambika.

Kuramochi tsopano anali atapuma pantchito, ndipo okonza chionetsero anamuitana ngati mlendo wolemekezeka. Anakhala kutsogolo, kankhalamba kowonda kaukhondo, pambali pake pali Ralitsa, mtsikana wa kuyunivesite amene ankamasulira. Nthawi ya mafunso itakwana, Tihomir anatsomphola maikolofoni m'manja mwa munthu wina amene ankafuna kufunsa za mabatire.

"Mwanawe, umasulire momwe ndanenera, usathiremo shuga," anatero. "Uwafunse ngati akuikumbukira nkhope iyi. Anadya nyama yanga, anamwa rakia yanga, kenako n'kundibaya kumsana. Njerwa anaipheranji? Si dyera limeneli?"

"Auzeni, Bai Tisho!" anakuwa wina kumbuyo, pomutchula Tihomir dzina limene anthu ankamuitanira. Madoda anaomba m'manja, ena kukweza Njerwa zawo m'mwamba.

Ralitsa anamasulira. Nkhalamba ija inavula magalasi, inamuyang'anitsitsa Tihomir, kenako inaimirira n'kuwerama kwambiri. M'maso mwake munalengeza misozi. Tihomir anamugunda Nevena ndi chigongono. Chifuwa chinatukumuka, batani la malaya n'kutsala pang'ono kuthawa. Ha, zaka zonsezi, lero ndi lero!

Mkuluyo anayankhula motsitsa, nthawi yaitali. Ralitsa anatembenukira kwa Tihomir.

"Akuti sanakuiwaleni, Bai Tisho. Akuti mabwana awo anawauza kuti inu mukavomera, Njerwa ikhalabe ndi moyo, popeza munatsala nokha. Akuti anakufunsani, n'kukufunsaninso, koma m'kamwa mwanu munali modzaza nyama moti simunatulutse mawu."

"Koma ndinavomera!"

"Akuti munapukusa mutu. Mwamphamvu, mukumwetulira. Anachita manyazi kukuvutitsaninso, ndipo analira mundege ulendo wonse."

Kwathu ku Bulgaria kuno munthu akamavomera amapukusa mutu, ndipo aliyense amadziwa kuti ukamayankhula ndi mlendo uzigwira khosi lako.

"Bambo a Kalin," anatero Nevena, ndipo maikolofoni inatola mawu ake onse, "ndiye kuti Njerwa munaipha ndinu?"

Tihomir anayang'ana nsapato zake, napukusa mutu pang'onopang'ono. Kuramochi anausa moyo, n'kunong'oneza womasulira uja.

"Akuti n'zachisoni," anatero Ralitsa, "kuti mpaka lero mukukanabe."