Tsitsi Lofiirira pa Juzi ya a Fryson

Kettie anaima pansi pa mtengo mu Alexandra Park mumzinda wa Glasgow, kamvula kowaza kakumunyowetsa mpango, maso ali dwii pa mzimayi amene anali pa tebulo la bungwe loteteza zimbalangondo. Ndiye Morag wake ndi ameneyu? Tsitsi lofiirira, lodula lalifupi. Lomwelo ndithu. M'thumba la jekete Kettie anafumbata kapepala komwe anakulungamo umboni wake: timatsitsi tofiirira tomwe ankatola pa juzi ya amuna ake, a Fryson, Loweruka lililonse chiyambire chilimwe.

Zinayamba ngati nthabwala. Bambo woyendetsa basi, mkulu wa mpingo, munthu wa ku Dedza woti chimbalangondo anangochiwerenga m'Baibulo, mwadzidzidzi anasanduka katswiri. Pa tiyi wam'mawa: "Amake Yewo, mukudziwa kuti kuno ku Scotland kale kunali zimbalangondo zofiirira? Nkhalango zitatha, anthu anazisaka mpaka psiti. Akutero Morag." Pa chakudya chamadzulo: "Zambiri zotsala zili ku Russia, ku Alaska ndi kumapiri a ku Romania. Akutero Morag." Morag, Morag, mpaka dzinalo linafika pomukukuta m'mano ngati mchenga mu mpunga.

Loweruka masana ankangoti akukathandiza ku bungwe. Pobwera, thukuta lili kamukamu, mu Glasgow mozizira muno, n'kulunjika kubafa ngakhale moni osapereka. Akafunsidwa kuti ntchito yake ndi yanji yotulutsa thukuta chotere, ankangokanda m'mutu n'kufunsa ngati tiyi alipo.

Tisabise, nsanje inamudya Kettie mpaka siketi zinayamba kumukhwepa. Iye kuthyoka msana kunyamula okalamba kunyumba yowasamalira, wina n'kumadyerera ulemu wa mwamuna wake! Paja a Fryson ndi munthu waulemu woti ngakhale kapu ya madzi amalandira dzanja lamanzere litagwira chigongono chakumanja, bondo litapindika pang'ono. Anzawo ku depoti amawaseka nazo, koma ulemu umenewo ndi umene unamukola Kettie ali mtsikana. Nanga kukhwimitsa malamulo kwawo? Chaka chatha pa Halowini mwana wawo Yewo anapempha kuvala chigoba cha mphaka ngati anzake a kusukulu. Bambo anakana kwamtuwagalu. "Mkhristu savala chilombo. Zimenezo ndi za gule, tinazisiya kumudzi." Mwana analira mpaka maso kutupa. Eetu, chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere.

Lero Kettie anasinthana shifiti ndi mnzake kuti adzaone ndi maso ake. Zikapezeka zoona, atuluka m'pakimo n'kukwera basi ya ku Maryhill kwa ankhoswe, banja likathere komweko.

Pa tebulopo panali zithunzi ndi timabuku. Chapatali pang'ono ana a sukulu anaunjirira munthu wovala ngati chimbalangondo, atanyamula kandowa ka zopereka, akudzandira uku ndi uku ana ali chikhakhali. A Fryson okha ndi amene sankaoneka. "Andiona, athawira kuchimbudzi," Kettie anadziuza. Anakoka mpango n'kulunjika pa tebulo.

Morag anamulandira ndi kumwetulira, n'kumuonetsa chithunzi cha kachimbalangondo kakuda kokhala ndi banga lachikasu pachifuwa. M'Chingerezi chake chothamanga cha ku Glasgow anafotokoza kuti si zonse zimakhala kozizira. Aka kwawo ndi ku nkhalango zotentha za ku Borneo, kumene mitengo ikugwetsedwa kuti alimeko kanjedza wa mafuta, ndipo ana ake amagwidwa n'kutsekeredwa m'makola.

Kettie sankamva n'komwe. Ankayang'ana tsitsi, milomo, zala zoyera zosadziwa kuchapa. Ndiye zimene zinawapenga bambo a Yewo ndi zimenezi?

"Ndikufuna a Fryson," anamudula mawu. "Ndine mkazi wawo. Amatani pano?"

Nkhope ya Morag inafiira ngati phwetekere. Anaponya maso kumbali, n'kuyankha motsitsa mawu. "Pepani. Anandipempha kuti ndisauze munthu aliyense. Makamaka inuyo."

Basi. Panalinso chofunsa? Kettie anatulutsa kapepala kaja, n'kukamasula pamwamba pa zithunzi kuti mwini tsitsi alizindikire. Morag anayang'ana, n'kugwira pakamwa, mapewa akugwedezeka. Akuseka! Hule wopanda manyazi, akuseka mwini wake wa mwamuna masana dzuwa likuswa mtengo, ngakhale kunalibe dzuwalo! Misozi yotentha inalengeza. Kettie analimbana ndi mphete yaukwati imene inali itamera pachala, mpaka inavuka.

Atatembenuka kuti azipita, anagundana ndi chimbalangondo chija. Chinali chitawasiya ana n'kudzaima panjira pake, mikono ili tambasu.

"Tachoka apa iwe!" anakalipa m'Chichewa, poti ndani akanamva. Chilombocho sichinasunthe. "Chabwino, tenga ndiwe. Kagulitse udyetse abale ako a ku Borneo. Bola iwe, aliyense akuona kuti ndiwe chilombo, kusiyana ndi ena obisala m'suti ya ku tchalitchi."

Anachitambasulira mphete ija. Chimbalangondocho chinaika kandowa pansi, n'kutambasula dzanja lamanja, lamanzere litagwira chigongono, bondo litapindika pang'ono. Kettie anayang'ana pa jekete yake pomwe anagundana: timatsitsi tofiirira tili mbwee.

M'kati mwa chimutu chaubweyacho munatuluka mawu apansipansi. "Amake Yewo, chonde, musakanene kumpingo."