Nyimbo ya Sopo pa Malaya a Malemu

Panali munthu wina wachikulire wopeka nyimbo za m'mafilimu ndi m'masewero a pa TV. Anthu ankawatcha a Makiyi. Sukulu analekeza panjira ngati enafe, koma nyimbo zawo zinaliza anthu zaka makumi atatu. Dzina lawo linkatuluka kumapeto kwenikweni, oonera atanyamuka kale. Ndi mmene dzikoli limathokozera.

Tsiku lina kunabwera mwana wa mlongo wawo, wa madigiri awiri. Anali atajambula filimu ya imfa ya mkulu wake, ndipo ankafuna mayi ake aione, mtima wawo ukhale pansi. Pakati pa filimuyo panali poti mayi akuchapa malaya a malemu komaliza.

A Makiyi anaonera pamenepo kanayi, zala zili pa limba, osadina.

"Mphwanga, ponseponse ndiikapo nyimbo. Apa pokha ayi. Pamveke madziwo basi."

"Malume, zachikale zimenezo. Anthu azilira bwanji popanda nyimbo?"

"Tsiku lija amayi ako ankachapa malayawo, unamvako limba?"

Wamadigiri anaseka, n'kunyamula filimu yake. Anaipereka kwa munthu wina amene anadziwana naye pa foni, wa kompyuta yonyezimira. Masana amodzi okha, nyimbo inapsa.

Tsiku loonetsa, holo inadzaza. Mayi a wamadigiri uja anakhala kutsogolo, a Makiyi pambali pawo. Itafika nthawi yochapa, nyimbo inayamba pang'onopang'ono, yokoma ndithu. Kumbuyo mayi wina anayamba kuing'ung'udza. Wina anafunsa mokweza, "Kodi imeneyi si ya sopo ija?"

Inalidi yomweyo. Wa pa foni uja anangotenga nyimbo yotsatsa sopo wochapira n'kuichedwetsa. Holo yonse inalandira: "Chapani mayi, chapani, kuyera kuti mbee!" Anthu anagwa nako kuseka. Mayi a malemu anaimirira, n'kutuluka osatembenuka. Foni ya wa kompyuta uja siinagwirenso mpaka lero.

M'mawa mwake wamadigiri anafika kwa amalume ake, maso ali pansi. Akanakhala wina akanamuthamangitsa. A Makiyi anangomukokera mpando.

"Khala apo. Foniyo uzimitse."

Masabata atatu anapeka nyimbo za filimu yonse, pochapa paja osapakhudza. Kenaka anapita okha kukapepesa mlongo wawo kuti abwerenso.

Ulendo uno m'holo munangomveka madzi akudontha pa malaya. Palibe anatsokomola. Filimu itatha, mayi aja anagwira dzanja la a Makiyi, misozi ili mbwe.

"Achimwene, paja mwaimba bwino."

"Paja sindinaimbe kanthu, mlongo wanga."

Phunziro: Munthu amene wakalambira pa ntchito akakuuza kuti apa usakhudze, usakhudze, ngakhale sadziwa kulemba bwino dzina lake. Tumizirani ana anu ophunzirawo, makamaka aja amatiseka tikamalankhula.